Usiyeko malo a mpira wa Lamlungu

Yankho mwana wanga,

Kalata iyi ndaikulunga pa tchaja yako mwadala. Ndikanaiika m'Baibulo ukanaipeza nthawi ya Khirisimasi. Ndikanaiika m'sutikesi ikanagona pansi pa zitenje zimene amayi ako akukupakira, zomwe tonse tikudziwa kuti sukazivala. Koma tchaja ndikudziwa kuti ukaifunafuna usanavule n'komwe nsapato. Ndalemba papepala chifukwa pepala silidya malo m'foni, ndipo ukamafika kumapeto ukhala utamvetsa chifukwa chake nkhani ya malo yandikhala pamtima chonchi.

Ndikulemba masana ano iwe ndi amayi ako muli ku Migowi kogula ndowa ndi bulangete lachiwiri, poti amva kuti ku Mzuzu munthu amagona atavala jekete. Malangizo akuluakulu wamva kale. Amayi ako akuuza za anyamata. Abusa akuuza za mowa. Malume ako a Waisoni akuuza za anyamata, za mowa, za ndale, mpaka za mtengo wa feteleza. Ine andisiyira kanthu kamodzi, ndipo ukakauza anzako ku koleji sakakhulupirira kuti kachokera kwa bambo wa imvi zake, mphunzitsi wa jogalafe ku sekondale. Kanthuko ndi aka: usakafufute gemu ya mpira m'foni mwako.

Ndikudziwa mmene zikayendere. Sabata yoyamba akakuponyerani manotsi, mabuku athunthu, ndi mavidiyo a aphunzitsi akufotokoza zinthu. Ukajambula zithunzi ndi anzako atsopano, chimodzimodzicho mobwerezabwereza poti wina watsinzina. Tsiku lina foni idzakuuza kuti malo atha, ndipo idzakuonetsa zimene zikudya malo kuyambira chachikulu. Pamwamba penipeni padzakhala mpira wathu, wonenepa, wooneka wolakwa. Udzadziuza kuti ndiwe wamkulu tsopano, wa ku koleji, ndipo chala chidzapita chokha. Kalata yonseyi ndikulembera chala chimenecho.

Ukukumbukira mmene zinayambira, koma ndikukumbutse mmene ndimazikambira ine, poti cholembera chili m'dzanja langa. Uli Fomu 2 masamu anatsika, ndipo ine, monga bambo wodziwa udindo wake, ndinakulanda foni ija anakusiyira azakhali ako n'kuitsekera m'kabati. Loweruka lotsatira ndinati ndimuone kaye mdani amene akudya nzeru za mwana wanga. Kafukufuku chabe. Unandipeza kuseri kwa khola la mbuzi, magalasi ali kunsonga kwa mphuno, ndikukalipira goloboyi wanga ngati wophunzira amene ndamugwira akubera mayeso. Unasuzumira pa sikirini. Kenako unati, "Adadi, mukudinalo ndi lopatsira. Lomenyera ndi linalo." Mawu amenewo anali ambiri kuposa onse amene unandiyankhula mwezi umenewo.

Pajatu iwe unabadwa wosunga mawu. Amayi ako amati unatengera kwathu, ndipo sindingatsutse, chifukwa kwawoko sindinaonepo munthu wotseka pakamwa. Ndikakufunsa kuti kusukulu kwayenda bwanji umangoti bwino, ndikafunsa bwino bwanji umati bwino basi. Koma ndinazindikira kuti maso ako akakhala pa sikirini, zala zili pantchito, pakamwa pako pamaiwala kudzilondera. Tikusewera pakhonde, iwe foni yako ine yanga, ndi pamene unandiuza kuti chiyambire chaka chija madzi anatsika m'phiri n'kukokolola midzi, mvula ikayamba kulira pamalata mtima wako umathamanga. Sunandiyang'ane. Unanena uku ukuthamangitsa mpira m'mbali mwa bwalo, ine n'kuyankha uku ndikukuthamangitsa, ndipo tinakambirana mpaka mpira unatha osadziwa kuti wawina ndani. Ndi pampira pomweponso pamene unandiuza kuti uphunzitsi sukuufuna, ukufuna maphunziro a za madzi. Unadikira mpaka utapatsidwa penate, n'kuitulutsa nkhaniyo uku ukuponya. Goloboyi wanga anagwera kumanzere, ine ndinagwera m'maganizo, iwe n'kugoletsa. Mpaka lero ndimati chigoli chija chinali chakuba.

Ndiye ukamamva ndikuchonderera gemu, usaganize kuti bambo ako ukalamba wawasokoneza. Khomo lina lolowera kwa iwe sindinalipeze. Amayi ako ali ndi lawo, mumanong'onezana akamakuluka tsitsi, ine ndikangofika mumasintha nkhani n'kuyamba za tomato. Langa ndi ili. Tsopano imva mmene ungalisamalire, kuchokera kwa munthu amene anayesa njira zonse zolakwika zimene zilipo.

Poyamba ndinkanamizira netiweki. Nthawi ija osewera anga anayamba kuchita chibwibwi, kuthamanga pang'ono n'kuima, kenako n'kupezeka ali kutsogolo mpira utalandidwa kale, ine ndinagamula mlandu ndisanamve mboni. Ndinanyamula mpando n'kukakhala pamwamba pa chulu chija chili kumapeto kwa munda wa nandolo, foni ili m'mwamba ngati ndikudalitsa mudzi. Anthu opita ku chigayo ankandipatsa moni mwaulemu kwambiri, ulemu uja timapereka kwa munthu amene tikumudera nkhawa. Iwe unakwera, n'kuzimitsa intaneti, n'kundiuza kuti ndisewere ndi foni yokha. Chibwibwi chinali chomwecho. "Ndiye netiweki yalakwa chiyani apa, adadi?" unatero. Titatsegula posonyeza malo, kamzere kake kanali kofiira mpaka kumapeto. Njira imeneyo uisunge, ndi yako yomwe. Gemu ikamadodoma, zimitsa intaneti usewere wekha. Ikayenda bwino, tukwana netiweki, uli ndi ufulu. Ikadodomabe, gwira kumsana kwa foni. Ngati kwatentha ngati mbaula, ichotse m'chikopa chake uipumitse pamthunzi. Ngati sikukutentha, kayang'ane malo.

Chifukwa chake ndinachimvetsa bwino chaka chimene amayi ako anapikula nandolo wambiri. Ukukumbukira chipinda chaching'ono chija, matumba mpaka kudenga, mpaka pakhomo. Onse analowa, palibe thumba linagona panja, ndipo iwo ananyadira. Kenako kunabwera wogula wofuna matumba oyamba aja, ouma bwino, amene anali kukhoma lakumapeto. Panalibe poponda, panalibe potembenukira, panalibe poika thumba limodzi pambali kuti utulutse linzake. Ntchito ya kanthawi kochepa inatidyera m'mawa wonse, wogula ataima panja akuyang'ana dzuwa. Foni ndi chimodzimodzi. Gemu sikhala phee m'chipindamo ngati thumba. Ukamasewera imatulutsa bwalo, mayunifolomu, nkhope za osewera, phokoso la ochemerera, n'kuziyala pa mphasa yake yogwirirapo ntchito, imene ndi yaing'ono. Nthawi yomweyo imabweza tina m'chipinda, kulemba apa, kusunga apo. Chipinda chikadzaza mpaka pakhomo, chilichonse chimadikira chinzake. Gemu imachedwa kutseguka, osewera amatuluka opanda nkhope, ndipo pa nthawi yoipa kwambiri, watsala wekha ndi goloboyi, zonse zimaima njii. Nthawi zina gemu imangodzitseka yokha n'kukubwezera pa chithunzi cha mphaka wako chija, mphakayo akukuyang'ana ngati akudziwa. Siya mpata, Yankho. Kamzere kaja kasamafike pofiira.

Usandimve molakwa. Kufufuta zinthu sikusandutsa foni yokalamba kukhala yatsopano, monganso kusesa m'nyumba sikuwonjezera zipinda. Mphasa ija ikakhala yaing'ono ndi yaing'ono basi, ndipo chimene ungachite ndi kutseka zina zonse zimene watsegula usanayambe mpira. Koma foni yakoyo ndi yabwino, mphamvu ili nazo. Ikakayamba chibwibwi usakandiuze za ukalamba wake. Ndidzadziwa kuti wapikula nandolo.

Kenako ndinadziona wochenjera. Tsiku la msika ku Migowi ndinapeza munthu atayala makhadi a memori pansalu, pafupi ndi ogulitsa matemba a ku Chilwa, ndipo khadi limodzi linali ndi nambala yaikulu moti ndinaganiza kuti ndisungamo boma lonse la Phalombe ndi phiri lomwe. Mtengo wake unali wachifundo. Ndinafika kunyumba ngati mlenje wopha, n'kusamutsira mpira pakhadipo kuti foni ipume. Unaona wekha zimene zinatsatira. Gemu inkatseguka iwe utapita kumjigo n'kubwerako. Osewera anga ankayenda ngati anthu owoka mpunga kudambo, mwendo uliwonse kuchita kuuzula m'matope. Unandichinya mpaka unayamba kundimvera chisoni, chinthu chimene chinandipweteka kuposa zigolizo. Khadi, ngakhale labwino, lili ngati nyumba ya kutsidya kwa msewu: kusungako zinthu n'kotheka, koma chimene ukuchifuna mphindi iliyonse sungachiike kumeneko. Ndipo langa silinali n'komwe labwino. Litangoyamba kudzaza, zithunzi za ukwati wa msuweni wako zinasanduka timabokosi totuwa. Nambala ija inali yongolemba. Amayi ako amaikamba nkhaniyi kwa mlendo aliyense, asanamupatse n'komwe mpando. Ndiye gemu ikhale m'kati mwa foni. Zithunzi, nyimbo ndi mavidiyo ndizo zipite pakhadi, ndipo khadilo ukagule m'sitolo yokhala ndi chitseko, yoti ukabwerera mawa lake mwini wake ukamupeza.

Ndinayesanso pulogalamu ija yotsuka foni, ya chithunzi cha tsache. Ndikaidina, tsache linkazungulira pa sikirini, kenako n'kundiuza monyadira kuti foni yanga tsopano ndi yaukhondo. Ndinkamva bwino mumtima, ngati munthu wochokera kosamba. Koma pulogalamuyo yokha inali ndi thupi lake, inkadya malo ake, ndipo sinkachoka pa mphasa ija, inkangokhala pamenepo ngati mlendo amene wabwera kudzathandiza maliro n'kutha mwezi. Tsiku lina ndili pafupi kuchinya chigoli changa choyamba cha sabata imeneyo, inatulukira pakati pa bwalo n'kuyamba kunditsatsa mankhwala ochepetsa mimba. Iwe unagwa pampando ndi kuseka. Foni ili kale ndi poyang'anira malo pake, m'masetingi momwemo. Usailembere wantchito wina amene adzadya kuposa zimene akusesa.

Tsopano nkhani ya gulupu ya banja, imene ndi mdani wamkulu wa foni iliyonse ya mtundu wa amayi ako. Malume ako a Waisoni, monga mwini mbumba, anadziikanso kukhala mwini gulupu, ndipo amakhulupirira kuti maliro amene sanajambulidwe kuyambira nyimbo yoyamba mpaka fosholo yomaliza ndiye kuti sanachitike. Onjezerapo maulaliki, gule wa tchopa, mbuzi yobadwa ndi mawanga achilendo, ndi maluwa a m'mawa wabwino ochokera kwa amayi ako aang'ono onse. Zonsezo zinkangodzitsitsira zokha m'foni mwanga, ine ndili m'kalasi ndikuphunzitsa za mitsinje. Tsiku lina nditatopa ndinadina n'kutuluka mu gulupu. Sindinaganize kawiri. Ndinaiwala kuti ndine mkamwini, ndimakhala pamudzi pa eni, ndiponso kuti foni imalengeza kwa aliyense kuti uje watuluka. Dzuwa lisanapendeke a Waisoni anafika pa njinga yamoto atavala jekete lawo la milandu, ankhoswe ali kumbuyo. Anakana madzi akumwa. Anayamba m'Chichewa n'kupitiriza m'Chilomwe, chizindikiro choti zinthu zafika poipa.

"Alamu, ngati mlongo wanga wakulakwirani, njira yake ndi imeneyi? Kutuluka pamaso pa ana?"

"Ayi alamu, palibe wandilakwira. Foni yadzaza, mpira sukuyenda."

Anatembenukira kwa ankhoswe. "Mwamva nokha. Akusiya banja chifukwa cha mpira."

Amayi ako anali pakhomo la khitchini atatseka pakamwa ndi chitenje, mapewa akugwedezeka ndi kuseka. Ndinabwezedwa mu gulupu tsiku lomwelo, ndipo vidiyo yoyamba imene ndinalandira inali ya ine ndemwe ndikupepesa, poti ankhoswe anajambula.

Ine ndine wobwera, anandikhululukira. Iwe ndiwe mwana wa mbumba imeneyo, ukakatuluka adzakwera basi mpaka ku Mzuzu, jekete lomwelo. Usatuluke. Lowa m'masetingi uletse foni kutsitsa yokha zithunzi ndi mavidiyo, kuti uzisankha wekha chotsegula. Pa vidiyo ya maliro tumiza timanja topemphera tija, a Waisoni sadzafunsa ngati waonera mpaka kumanda. Zimene watsitsa kale uzifufuta Loweruka lililonse ukamaliza kuchapa, ndipo ukumbukire kuti chofufutidwa chimakagona kaye m'bini ya m'foni, chikudyabe malo, mpaka ukakhuthule. Ine ndinafufuta kwa nthawi yaitali ndikudabwa kuti kamzere sikakutsika. Ndinkasesa zinyalala n'kumazikankhira kunsi kwa bedi.

Ku koleji ukakumananso ndi anthu owolowa manja. Wina adzati, "Ndikuponyere filimu, ndi yabwino kwambiri," ndipo filimuyo idzakhala ndi magawo osatha. Mphunzitsi mnzanga wa Chingerezi anandichita zimenezi mu sitafu. Ndinalandira ndi manja awiri, poti kwathu kuno kukana mphatso ndi mwano, ndipo tinakulera iwenso chimodzimodzi. Sindinaonere ngakhale gawo limodzi. Anthu aja anakhala m'foni mwanga teremu yonse, akukondana ndi kusiyana m'dziko lawo lakutali, osewera anga akuvutika ndi malo othamangira. Nthochi ukapatsidwa landira. Filimu landira imodzi, uonere, ufufute, kenako ukatenge ina. Siya mpata, mwanawe.

Nkhani yomaliza umaidziwa kuposa ine, ndipo iyi sindiikamba moseka kwambiri. Eni ake a gemu anatulutsa mtundu watsopano. Foni yanga inalandira, yako inakana, inati malo ndi ochepa. Tinadabwa, poti malo otsala ankaoneka okwanira. Sitinkadziwa kuti gemu ikamasintha imafuna malo oposa kukula kwa zatsopanozo, chifukwa imayenera kumasula katundu watsopano wakale asanatuluke, ngati banja lolowa m'nyumba eni ake akale akupakirabe. Ndipo mafoni awiri okhala ndi mitundu yosiyana ya gemu sakumana pabwalo. Tinakhala pakhonde aliyense ndi foni yake, kuitanizana osamvana. Iwe unapita ku kwaya n'kusiya foni pa tchaja. Ine ndinati ndikukonzere, ukabwera upeze zatheka, undiyamikire. Ndinalowa m'masetingi a gemu n'kupeza mabatani awiri oyandikana, lina la kashe, lina la deta. Lero ndikudziwa kuti kashe ndi zinyalala zimene gemu imadziunjikira, ukazichotsa imangochedwa pang'ono ulendo wotsatira n'kupanganso zina, pamene deta ndi zonse zimene iwe wamangamo. Tsiku lija ndinangoyang'ana limene linali ndi nambala yaikulu, poti ndinkafuna malo ambiri. Foni inandifunsa ngati ndatsimikiza. Munthu wa satifiketi ya ku koleji sakayika pamaso pa foni. Timu yako yonse inapita, imene unaimanga wosewera mmodzimmodzi kuyambira Fomu 2, pamodzi ndi kaputeni uja unamutcha dzina la agogo ako aamuna. Tinali tisanailumikize ku akaunti iliyonse.

Sunalire, sunakalipe. Unayang'ana foni, n'kuyang'ana ine, n'kukaiika wekha m'kabati momwe muja ndinaitsekera kale. Masabata otsatirawo unali mwana waulemu kwambiri. "Mwadzuka bwanji, adadi." "Chakudya chapsa, adadi." "Kusukulu bwino." Palibe mlendo akanaona cholakwika. Lamlungu masana ndinkatulutsa mipando iwiri pakhonde, wachiwiriwo ndikunamizira kuti ndi wosanjikapo mapazi. Tinkagona nyumba imodzi, tinkayenda limodzi kupita ku tchalitchi, koma nkhani zako ndinkazimva kwa amayi ako ngati nkhani za pa wailesi. Apo n'kuti uli m'chipinda chinacho, ndikumva ngakhale kutsokomola kwako. Nthawi ija inatha chifukwa tsiku lina unatuluka ndi foni, n'kuchotsa mapazi anga pampando paja, n'kukhala. "Tiyambirenso," unatero. "Koma yanga musamaigwire." Sindinaigwirenso mpaka lero. Ndagwira tchaja yokha, nayonso chifukwa cha kalata.

Mawa ukhala kumapeto ena a dziko, Yankho, ndipo ku Mzuzu kulibe khonde loti tsiku lina ungotulukirapo n'kundipeza. Kuli gemu yokhayo. Akaunti unalumikiza tsopano, mawu ake achinsinsi usawaiwale. Mtundu watsopano ukatuluka usazengereze, chifukwa yanga imalandira yokha, ndipo yako ikatsalira m'mbuyo sitikumana. Konza malo pasadakhale, tsitsira pa intaneti ya pa koleji bandulo isavutike. Ukafuna kuchotsa zinyalala, kashe. Osati linalo. Ndikudziwa kuti ukudziwa, koma ndine mphunzitsi, kubwereza ndi matenda a ntchito.

Kumbali yanga ndachita zanga. Dzulo ndinakhala pansi n'kusesa foni yanga mpaka kamzere kanabwerera pakati. Mavidiyo a mapiri ophulika amene ndimaonetsa a Fomu 3 ndawasamutsira pa kompyuta ya kusukulu. Maliro onse amene malume ako anatumiza ndawaika m'manda kachiwiri. Zimene zandivuta ndi zithunzi zako. Ndinapeza zingapo zofanana za tsiku lija zotsatira za mayeso zinatuluka, uli pansi pa mtengo wa mango ukuyesetsa kuti usamwetulire. Ndinati ndisiye chimodzi. Ndinaziyang'ana nthawi yaitali, ndipo zonse zilipobe. Malangizo amapepuka powapereka. Choipa n'chakuti foni yanga tsopano ikuthamanga ngati yatsopano, ndiye ukandichinya ndilibenso chonamizira. Amayi ako akuti chonamizira ndidzachipeza ndithu, akundidziwa. Ndikulonjezanso kuti sindidzakutumizira maluwa a m'mawa wabwino, kapena vidiyo ya mbuzi, ngakhale itaswa mapasa. Ndisakhale ine wodzaza chipinda chimene ndikukupempha kuti usiyemo mpata.

Ndinene ichinso, kuti chikumbumtima cha uphunzitsi chisandivute. Likadzafika tsiku loti wafufuta zonse zofufutika, wakhuthula bini, khadi ladzaza, ndipo kwatsala kusankha pakati pa manotsi a mayeso ndi mpira, sankha manotsi. Sitikukutumiza ku Mzuzu kukatenga chikho. Koma ukadzatero undiuze tsiku lomwelo, usandisiye ndikuyang'ana kachizindikiro kakuzungulira pa sikirini kufunafuna mnzanga amene kulibe. Ndipo Lamlungu limenelo undiimbire uli ndi chogwira m'manja, kaya ukuchapa, kaya ukusenda mbatata, foni ili pambali, maso ali kwina. Ndinaphunzira kuti suyankhula ndi munthu amene akukuyang'ana. Ine ndidzayang'ana phiri.

Ndikumva njinga yamoto panjira, mwina ndinu, ndipo ndiyenera kukulunga pepalali usanalowe n'kundifunsa chimene ndikuchita ndi tchaja yako. Mawa pa siteji ndikakupatsa dzanja n'kunena kuti ukalimbikire sukulu, monga bambo aliyense. Iwe ukati, "Chabwino, adadi," n'kukwera minibasi ya ku Limbe, ndowa ili pamiyendo. Zina zonse tidzakamba Lamlungu. Popeza tsopano tizisewera kudzera pa intaneti, chulu chija chapeza ntchito yake yeniyeni. Tikaweruka ku tchalitchi n'kudya, dzuwa likayamba kupendeka, ndidzanyamula mpando n'kukwera, ndidzakuimbira n'kuika mawu pa sipika, kenako ndidzatsegula mpira. Opita ku chigayo anandizolowera kale.

Yunifolomu yofiira ndi yanga, usayerekeze n'komwe. Ndipo ukakhala ndi nkhani yaikulu yoti undiuze, usadikire penate. Koma ngati singatuluke popanda penate, ndidzakuchitira faulo.

Ndine bambo ako,
goloboyi wogwera kumanzere